Chisuweni cha Nthengu

Padangokhala. Vomerani mokweza kuti tili tonse, chifukwa nkhani iyi ndi ya chibale, ndipo woodzera pa nkhani ya chibale amadzuka atakwatira mlongo wake.

Padali mbumba ya mbalame zotchedwa Awakha. Dzinalo lidachokera pa kadyedwe kawo. Mwakha satola chakudya pansi ngati nkhuku. Amakhala phee pa nthambi, ntchentche ikamadutsa n'kuuluka, n'kuiwakha m'malere, n'kubwerera pa nthambi yomwe ija ngati sadachokepo. Mbumbayi idali ndi mkuyu wakewake, ndipo nkhuyu zikayamba kuwola, ntchentche zinkachita kudzipereka zokha kukamwa. Ndiye mukudziwa mmene zimakhalira pakakhala chakudya. Aliyense wodziwa kuyasamula ankadzitcha Mwakha, wotuwa, wabuluu, ngakhale wa nsunyu pamutu. Ukamufunsa kuti mayi ako ndani, ankayamba kukamba za mvula.

Mfumukazi ya mkuyuwo adali a Nachanza, mayi wakuda bii, wa misozi yapafupi. Adali ndi zowaliritsa ndithu. Mlongo wawo adapita kukakwatira kutali osabwerako, ndipo mng'ono wawo adamwalira atangoswa dzira, kamwana kake osadziwika komwe kadalowera. Amuna awo adali a Chimchira, mkamwini wakalekale, wofiirira thupi, wa mchira wautali wochita kukwekwereza. Bambowa adakalambira pamkuyupo, koma pabwalo la mbumba sankaloledwa kutsegula pakamwa. Ntchito yawo idali kukongoletsa nthambi basi. Awiriwa adali ndi mwana wamkazi, dzina lake Tinyade.

Tsono lamulo la ukwati pamkuyupo lidali lotere. Mlendo wofuna mkazi ankakhala dzinja lathunthu pa nthambi ya pansi penipeni, akuwakhira apongozi ntchentche, iye n'kumadya mapiko okha. Koma msuweni ayi. Msuweni ankalowa ndi nthabwala, n'kukhala nthambi iliyonse, mkazi n'kumupatsa popanda chovuta, poti chisuweni ndi ukwati wodikira tsiku.

Nthengu adamukonda Tinyade, ndipo ndikunena chikondi chenicheni, chosadyetsa. Naye Tinyade adamukonda Nthengu, ngakhale ankadziwa kuti mnyamatayo ndi kathyali, wotha kutengera mawu a mbalame iliyonse n'kudya thukuta la anzake.

“Ingobwera monga ulili,” adatero Tinyade. “Dzinja limodzi si imfa. Ndikudikira.”

“Ine pa nthambi ya pansi? Kumadya mapiko?”

“Pumbwa ali kale pamenepo, akudya mapikowo chifukwa cha ine, ndipo sindimufuna. Usandichedwetse, Nthengu.”

“Pumbwa ndi wa mutu wouma. Ine ndilowera pakhomo la asuweni. Taona, ndine wakuda ngati mayi ako. Chatsala n'chiyani?”

“Chatsala n'chakuti si zoona.”

“Zimenezo undisiyire ine.”

Nthengu adabisala m'masamba namvetsera zonse za pamkuyupo. Adamva dzina la mlongo wotayika uja. Adamvanso a Nachanza akugoneka tiana ta mbumba ndi kanyimbo kena kofatsa, kouza mwana kuti agone, ntchentche yadutsayo ibweranso, nthambi sithawa, ndipo mayi akauluka amabwerera pomwe adachoka. Nthengu adangokamva kamodzi, n'kukasunga pakhosi.

M'mawa mwake adatera pabwalo, nagwada mwaulemu wonse.

“Azakhali, ndafika. Ndine mwana wa mlongo wanu uja adapita kutali.”

A Nachanza misozi idalengeza, koma adaigwira. “Mwanawe, pakamwa pokha sipakwana. Chaka chatha kudabwera Mleme kuti nayenso ndi msuweni, chonsecho ali ndi mano. Nanga mchira wako wagawikiranji pawiri ngati mphanda? Ife yathu ndi yodulidwa bwino.”

“Adandiluma Mphamba ndili khanda, azakhali. Adatenga nthenga za pakati.”

“Kalanga ine! Komabe tikuyesa. Utionetse kuti uli ndi kanthu kathu, ngakhale kochepa. Timba, lengeza.”

Timba, nyakwawa ya pamkuyupo, adalengeza kuti mlendo ayambe waonetsa kadyedwe.

Apa padali povuta. Nthengu kuwakha ankatha, koma kudikira phee kudali kwachilendo kwa iye, ndipo chibadwire sadabwererepo pa nthambi yomwe wachoka. Adakhala, nakhala, maso a mbumba yonse ali pa iye. Kenako adaona Pumbwa pansi paja atagwira chintchentche chobiriwira, chonona, akupita nacho kwa a Nachanza. Nthengu adaweramitsa mutu ngati akudzikanda, nakuwa ndi mawu a Timba enieni kuti Mphamba wafika.

Eee, pabwalo padali chipwirikiti! Aliyense mutu m'masamba. Pumbwa chintchentche chija taye. Nthengu adachiwakha chisadafike pansi, nabwerera pamalo pake. Podzutsa mitu, adangoona mlendo ali phee, chintchentche kukamwa.

“Mphamba ali kuti?” adafunsa a Nachanza.

“Funsani nyakwawa yanu,” adatero Nthengu. “Ine ndikakhala pa ntchito sindimva za Mphamba.”

Timba adalumbira kuti sadakuwe, koma onse adamumva ndi makutu awo, ndiye adadzudzulidwa. Nthengu adapereka chintchentche chija kwa a Nachanza, ndipo chimwemwe chitamukwera kumutu, adayamba kanyimbo kaja ka mwana ndi nthambi. Akazi onse adavomera pogogoda milomo. A Nachanza adapendeketsa mutu, akumvetsera.

Apo a Chimchira adakhosomola. “Pepani eni bwalo, ine mchira wa mnyamatayu ndikauyang'ana...”

Nthengu adatembenukira kwa a Nachanza msanga. Adaganiza kuti nkhalamba yamutulukira.

“Azakhali, kodi kuno akamwini amaweruza nawo za magazi?”

“Bambo a Tinyade, khalani chete,” adatero a Nachanza. A Chimchira adameza mawu awo.

Yesero lachiwiri lidali la madontho. A Nachanza adafotokoza kuti mwana wa magazi a Awakha amabadwa ndi timadontho totuwa pachifuwa. Akamakula timafufutika, koma m'khwapa mumatsala chizindikiro.

“Iwe poti ndiwe wa mlongo wanga, mwina kadontho kamodzi kadakutsatira. Mawa tidzaone.”

Kamodzi, adatero mayiwo. Mwamva inu, koma Nthengu sadamve. Iye m'khwapa mwake mudali bii ngati kunsi kwa mphika. Masana dzuwa litakula adapita pansi pa mtengo womwe njiwa zinkapumira zikakhuta mapira. Adagona chagada, mapiko tambasu, nadikira. Zomwe zidagwa kumwambako sindinena, poti ena mukudya. Adadziyanika padzuwa mpaka zidauma, nabwerera ali mawangamawanga kuyambira m'khwapa mpaka pamimba.

Mbumba idazungulira kudzaona.

“Mayo! Onse awa?” adatero a Nachanza. Adasendera, nabwerera msanga. “Koma akununkhatu.”

“Madontho akale amatero, azakhali. Ndakhala osasamba chibadwire, kuopa kuti angachoke musadawaone.”

A Nachanza adalira poyera, kuti mwana wavutika ndi fungo moyo wake wonse chifukwa chokonda abale. Nthengu adaona kuti zayenda, nayambanso kanyimbo kaja, ulendo uno mokoka, mpaka adatengera ndi kunjenjemera kwa mawu a a Nachanza pa mbali ija yonena kuti mayi amabwerera pomwe adachoka. Akazi adagogoda milomo, ena akupukuta m'maso.

“Mwanawe, nyimbo imeneyi udaimva kwa yani?”

“Ndidabadwa nayo, azakhali. Ndinkaimva ndili m'dzira.”

“Uli m'dzira?”

“M'dzira mwenimweni.”

A Chimchira adakwezanso phiko. “Ine ndikadangoti ndimufunse mnyamatayu dzina la mayi ake...”

“Azakhali, ayambanso!”

“Bambo a Tinyade, kodi lero mwadya chiyani?”

Pobalalika, Tinyade adadutsa pafupi ndi Nthengu, mphuno atayang'anitsa kwina.

“Wathira mchere wambiri,” adanong'ona. “Nyimbo ija uisiye. Ndi ya amayi, amuna saimba.”

“Waona mmene alirira mayi ako? Mawa ndiwe wanga.”

“Nthengu, ndikuchita mantha.”

“Mantha asiyire Pumbwa.”

Yesero lomaliza lidali losavuta kuposa onse. A Nachanza adangoti, “Utionetse chisa chomwe udaswedwera.” Basi. Koma wabodza saona chinthu chosavuta. Nthengu adakumbuka kuti Awakha amaswera m'mphako, pamene iye adaswedwera m'kachisa kolendewera pa mphanda ya nthambi, koluka ndi ulusi wa kangaude. Mayi ake adamwalira kale, ndipo kachisako ndiko kokha kadatsala ka iwo. Kankalendewerabe pa mtengo wina chapafupi, pomwe aliyense akadatha kukaona.

Adapita, nakayang'ana nthawi yaitali. Zidamuwawa, ndisakunamizeni. Koma adakajompha ulusi umodziumodzi mpaka kadagwa pansi. Atatero adayendayenda kufuna mphako yopanda mwini, naipeza pa mtengo wouma, ya ndere pakhomo, m'kati muli nthenga yakuda yakalekale. Adati mwayi wake ndi umenewu.

Tsiku la bwalo, mbumba isadanyamuke, adatulukira a Chimchira akuuluka movutika, kachisa kogwa kaja kali kukamwa. Adakaika pansi, akupuma mwawefuwefu.

“Lero lokha mundilole. Chisa ichi ndachitola uko, ndipo kalukidwe kake...”

Nthengu adaona imfa. Adadzigwetsa pamapazi pa a Nachanza.

“Azakhali, bamboyu wandida chifikire changa! Lero watola zinyalala kuti andinamizire. Ngati mawu a mkamwini aposa magazi a mlongo wanu, ndibwerere komwe ndachokera, ndikafere konko.”

A Nachanza adapsa mtima. “Timba, lengeza! Pa nkhani ya mwana uyu, chilichonse chomwe anganene bambo a Tinyade, lero kapena mpaka kale, ndi mphepo. Wochimvera achoke pamkuyu pano.”

Timba adalengeza. A Chimchira adamuyang'ana Nthengu mwachisoni, natola kachisa kaja, nakakhala kumbuyo.

Nthengu adatsogolera gulu, akuimba kanyimbo kake njira yonse, mchira ukuvina. Atafika pa mtengo wouma uja adaloza mphako.

“Umu ndi momwe ndidaswedwera. Nthenga iyo ndi ya mayi anga.”

Onse adasuzumira m'mphakomo. Kenako a Nachanza adakuwa kulira kwa pamaliro, kochokera m'mimba.

“Mng'ono wanga ine! Mng'ono wanga! Iyi ndi mphako ya mng'ono wanga! Nthenga iyi ndidamuthothola ndine tikukangana!”

Adamukumbatira Nthengu mpaka kumubanika.

“Ndimadabwa ine! Mwana wa mwamuna amatenga za kwa mayi ake. Msuweni amafanana nafe pang'ono chabe. Ndidapempha kadontho kamodzi, iwe wabwera nawo thupi lonse. Nyimbo ija mlongo wanga sankaidziwa n'komwe, imayenda ndi akazi okhaokha, ndipo iwe udaimva uli m'dzira. Ndani akadakuimbira? Ndiwe kamwana kaja kadasowa!”

“Ayi, azakhali, ine ndine wa mlongo wanu...”

“Adakunamiza amene adakutola. Ndipo usadzanditchenso azakhali. Ndine mayi ako.”

“Komatu mwina mphakoyi ndasokoneza...”

“Wasokoneza bwanji, iwe watitsogolera wekha ukuimba? Tinyade, bwera udzapereke moni kwa mlongo wako.”

Tinyade adabwera pang'onopang'ono. Adagwada patali, monga achitira mkazi kwa mlongo wake, maso ali pansi.

“Takulandirani, achimwene.”

Mawu amenewo adamulasa Nthengu kuposa chikhadabo cha Mphamba.

A Nachanza sadachedwe. Pomwepo adaphwanya ntchentche patsinde pa mtengowo, nathira nsembe, naitana mzimu wa mng'ono wawo kuti ugone tsopano, mwana wapezeka. Adalengezanso kuti poti mbumba idalibe mwamuna wamagazi, Nthengu ndiye nkhoswe ya akazi onse a pamkuyu, ndipo nthambi yake ndi ya pamwamba penipeni. Mbalame zidalulutira. Pumbwa, wa mutu wouma uja, adabwera kudzagwada.

“Alamu, dzinja latha. Nkhani yanga ya Tinyade tsopano ili m'manja mwanu.”

Gulu litabwerera, Nthengu adatsala yekha. Adamva mchira ukukwekwereza, ndipo a Chimchira adatera pambali pake ndi kachisa kaja.

“Mwapambana, bambo,” adatero Nthengu. “Kaululeni.”

“Ndiulule chiyani? Taona kuno.” Adatembenuka, natambasula mchira wawo. “Anthu amati ndi umodzi poti ndi wautali. Ndi nthenga ziwiri izi. Kwathu tonse michira ndi yamphanda, ndipo palibe Mphamba adatiluma. Chisa ichi mfundo zake n'zopotokera kumanzere. Ankaluka chotere ndi mlongo wanga yekha, yemwe ndidamusiya ndikubwera ku chikamwini kuno.”

Nthengu adayang'anitsitsa mfundozo.

“Ndine malume ako, iwe. Tinyade ndi msuweni wako weniweni, wamagazi. Ndidakuzindikira tsiku lomwe udatera. Ukadangotchula mayi ako, kapena kuonetsa kachisa aka, bwenzi lero tikuphika mowa wa ukwati.”

“Malume! Tiyeni tikanene! Tiyeni pompano!”

“Ndikanene ine? Mawu anga pa nkhani yako ndi mphepo, lero mpaka kale. Adapempha zimenezo ndani?”

“Ndiye ndikanena ndekha.”

“Kanene. Ukawauze kuti udaba nyimbo ya amayi, udanamiza mzimu wa wakufa pa nsembe, ndipo mfumukazi idakumbatira zitosi za njiwa pamaso pa mbumba yonse. Akakuthothola nthenga n'kukupirikitsa, ndipo Tinyade sudzamuonanso ngakhale patali. Ukakhala chete, udzamuona tsiku lililonse.”

A Chimchira adamusiyira kachisa kaja, nauluka.

Nthengu adasankha kukhala chete. Pa ukwati wa Tinyade adaima monga nkhoswe, namupereka kwa Pumbwa ndi phiko lake lomwe, nalangiza awiriwo kuti m'banja bodza ndi loipa. Mbumba idayamikira kuti mnyamatayu ali ndi nzeru. A Nachanza adapempha kuti aimbe kanyimbo kaja kuti mzimu wa mayi ake usangalale nawo. Adayamba bwino, za mwana ndi ntchentche yodzabweranso, koma atafika ponena za kubwerera pomwe udachoka, mawu adathyoka. Adalira mpaka maso kufiira, ndipo a Nachanza adauza alendo monyada kuti sadaonepo mlongo wokonda mlongo wake chotere.

Maso aja sadayerenso. Mukamuona Nthengu lero, ali pa nthambi ya pamwamba, maso psuu, akulondera mbumba yomwe si yake. Mphamba akangoyandikira amamuthamangitsa mwaukali ngati ndiye adamulakwira. Amaimba mawu a mbalame zonse za m'tchire, koma kanyimbo kamodzi kaja simudzakamva pakamwa pake. Ndipo mukayang'anitsitsa chapansi pake, nthawi zambiri pamakhala kambalame kena kakuda ngati iye, ka mchira wodulidwa bwino ndi maso ofatsa. Kamauluka, n'kuwakha ntchentche, n'kubwerera pa nthambi yomwe ija. Kakatera kamayang'ana m'mwamba, n'kupereka moni kwa achimwene.

Yathera pamenepa. Amene adakwirira mbatata paphulusa akaphule, ndipo asatiuze kuti ndi chinangwa.